Boma likakana kupereka dipo, amakambirana ndi zigawenga ndani kuti munthu atuluke?

Mphatso_Area25:

Abale ndithandizeni maganizo chifukwa kuyambira Loweruka nkhaniyi ikungondizungulira m'mutu. Ndinaonera dokyumentale ina pa YouTube ya anthu omwe ntchito yawo ndi kukambirana ndi zigawenga zikagwira munthu ngati chikole, aja amakhala pa foni miyezi ndi miyezi kunyengerera kuti munthu atuluke wamoyo. Ndinkati ndingoona kachidutswa poti bandulo inali itatsala pang'ono koma ndinaimaliza yonse, 1 koloko usiku ndili maso.

Chomwe chinandidabwitsa n'choti ntchito yake ndi yodekha kwambiri, mulibe kukuwa ngati m'mafilimu a nkhondo aja. Choyamba amafuna umboni woti munthuyo alidi moyo, ndiye amatumiza funso lomwe yankho lake angalidziwe ndi iye yekha basi, mwina dzina la galu wa kwawo ali mwana kapena malo omwe anakumana koyamba ndi mkazi wake. Kenako mtengo woyamba womwe zigawenga zatchula saulola ngakhale ndalamazo zili m'manja, akuti ukavomera msanga iwo amaona kuti thumba ndi lakuya ndiye amakweza, kapena amalandira ndalamazo osamumasula munthu n'kuyambanso kufuna zina. Tangoganizani kuuza mayi ake a munthu kuti mayi dikirani, tikane kaye.

Nditamaliza ndinakumbukira nkhani ya Pierre Korkie, mphunzitsi wa ku Bloemfontein yemwe anagwidwa ndi a Al-Qaeda limodzi ndi mkazi wake Yolande mumzinda wa Taiz ku Yemen mu Meyi 2013. Mkaziyo anamumasula mu Januwale 2014 osapereka kanthu koma pa bamboyo anafuna madola 3 miliyoni. Omwe ankayendetsa zokambirana sanali a boma la South Africa ayi, anali a Gift of the Givers, omwewa timawaona kuno akugawa ufa ndi mabulangete madzi akasefukira, ndipo ankadutsira mwa atsogoleri a mafuko a ku Yemen komweko. Anavutika nazo chaka chathunthu mpaka zonse zinakonzeka kuti bamboyo atuluka pa 7 Disembala 2014, mkazi wake anali atauzidwa kale kuti Khrisimasi adyera limodzi. Pa 6 Disembala asilikali a America anatulukira pamalo pomwepo kukapulumutsa munthu wawo, wojambula zithunzi Luke Somers, zigawenga zitazindikira zinawombera onse awiri ndipo onse anamwalira. Tsiku limodzi lokha abale. A America anati sankadziwa zoti pali mgwirizano woti Korkie atuluke.

Ndiye funso langa ndi ili, maboma aja amanena kuti sitikambirana ndi zigawenga, sitipereka dipo, kodi zimenezi zimatetezadi anthu kapena amangosiya banja pa dzuwa? Nanga boma likakana kulankhula n'chifukwa chiyani limakhalanso ndi ufulu wolowa ndi mfuti pomwe ena akukambirana? Ine mtima wanga ukuti moyo wa munthu ndi woposa lamulo, koma mwina pali zomwe sindikuziona.

WakuMayfair_Joni:

Achimwene nkhani ya Korkie ndikuikumbukira bwino, ndinali nditangofika kumene kuno ku Joni ndipo wailesi zonse zinali pa yomweyo. Chomwe anthu anasimba kwambiri n'choti mkazi wake anaima pamaso pa atolankhani n'kunena kuti wakhululuka, sanaloze chala wina aliyense. Akuluakulu anati khoswe akakhala pamkhate sapheka, ndi zomwe zinachitika kumeneko, anafuna kupha khoswe anaswa mkhate.

Koma pa funso lanu loyambalo ine ndikuuzeni, mawu oti sitipereka dipo aja ndi a pa TV. Taonani nkhani ya Stephen McGown. Mnyamatayu ankayenda pa njinga yamoto kuchokera ku London kubwerera kwawo kuno, anagwidwa ku Timbuktu ku Mali mu Novembala 2011 limodzi ndi wa ku Sweden Johan Gustafsson ndi wa ku Netherlands Sjaak Rijke, mnzawo wa ku Germany anakana kukwera galimoto anamuwombera pomwepo. Rijke anapulumutsidwa ndi asilikali a France mu 2015, Gustafsson anatuluka mu Juni 2017, McGown anatsalira mpaka kumapeto kwa Julayi 2017, pafupifupi zaka 6 m'chipululu, mayi ake anamwalira mu Meyi chaka chomwecho asanamuone, miyezi iwiri yokha. Atatuluka nduna ya zakunja ya kuno Maite Nkoana-Mashabane inati boma silinapereke kanthu, koma nyuzipepala ya New York Times inalemba kuti panaperekedwa mayuro 3.5 miliyoni. Ine sindinaione ndalamayo ndi maso anga koma anthu omwe amudyetsa munthu zaka 6 sangangodzuka m'mawa n'kumuuza kuti pita bwino.

Ndipo kumenekonso omwe anatsegula njira anali a Gift of the Givers omwewo, mtsogoleri wawo Dr Imtiaz Sooliman anapeza munthu wobadwira ku Mali, Mohamed Yehia Dicko, yemwe ankadziwa chilankhulo ndi mafuko a kumpoto, ndi iyeyo ankayenda mtunda wautali kukakhala pansi ndi akuluakulu a kumeneko kumwa nawo tiyi mpaka vidiyo yosonyeza kuti mnyamatayo ali moyo inatuluka. Kazembe wa suti sangafike kumene kuja, ngakhale atafika palibe angamukhulupirire. Ndiye mukafunsa kuti amakambirana ndani, yankho langa ndi loti nthawi zambiri ndi munthu wamba yemwe mbali zonse ziwiri zikumudziwa kwawo, boma limabwera kumapeto kudzajambulitsa pa bwalo la ndege.

NaBanda_Zomba:

Pepani abale koma ine ndiima mbali ina ndipo sindikunena izi chifukwa chouma mtima, ndine mayi ndipo atakhala mwana wanga ndikhoza kugulitsa nyumba ndi munda womwe tsiku lomwelo. Koma zomwe mayi angachite si zomwe boma liyenera kuchita. Mu 2014 New York Times yomweyo inafufuza n'kupeza kuti Al-Qaeda ndi nthambi zake anali atalandira madola osachepera 125 miliyoni a dipo kuyambira 2008, ndipo 66 miliyoni mwa imeneyo inalowa mu 2013 mokha, yambiri yochokera ku maiko a ku Ulaya. Ndalama imeneyo siinapite ku sukulu, inagula mfuti ndi magalimoto ndi kulipira anyamata, ndipo omwe anaphedwa ndi mfutizo ambiri si azungu ayi, ndi anthu akuda anzathu a ku Mali, Niger ndi Burkina Faso omwe palibe anawapangira dokyumentale. Mzungu mmodzi akatuluka dziko lonse limaomba m'manja, mudzi wonse ukawotchedwa ndi ndalama yomweyo palibe amawerenga. N'chifukwa chake a United Nations anapereka chigamulo nambala 2133 mu Januwale 2014 chouza maiko kuti zigawenga zisamapindule ndi dipo.

Pomwe ndikugwirizana nanu a Mphatso ndi pa kusiya banja pa dzuwa. Nkhani ya James Foley imandiwawa mpaka lero. Mtolankhani wa ku America uyu anagwidwa ku Syria mu Novembala 2012, ankasungidwa limodzi ndi ena a ku France, Spain, Italy ndi Denmark, anzakewo anatuluka mmodzimmodzi mu 2014 poti kwawo kunapezeka njira ya ndalama, wa ku Denmark Daniel Rye banja lake ndi lomwe linasonkha lokha, koma a ku America ndi ku Britain anatsalira n'kuphedwa, Foley mu Ogasiti 2014. Mayi ake Diane Foley anadzaulula kuti akuluakulu a boma anawachenjeza kuti akayesa kusonkha ndalama ya dipo akhoza kuimbidwa mlandu. Kumuopseza mayi ndi khoti mwana wake ali pa mpeni! Chimenecho ndiye chinali cholakwika ndipo Obama anachita kusintha mu Juni 2015, ananena kuti mabanja sadzaimbidwa mlandu ndipo anakhazikitsa ofesi ya nthumwi yapadera yoona za anthu ogwidwa.

Ndiye vuto ngati mukuliona ndi loti ena amapereka ena sapereka. Onse akanakana malondawo akanafa, koma poti ena amapereka mobisa, yemwe boma lake lakana ndi amene amasanduka nsembe.

Abambo_a_Chisomo_Likoma:

Ana anga zikomo poyambitsa nkhaniyi. Ine ndine wamkulu pang'ono ndipo ife a Anglican tili ndi munthu yemwe tinamupempherera m'tchalitchi zaka zambiri, dzina lake Terry Waite. Achinyamata mwina simukumudziwa. Anali nthumwi ya Archbishop wa ku Canterbury, Robert Runcie, ndipo asanafike kumeneko anagwirapo ntchito ya mpingo ku Uganda nthawi yomwe Idi Amin ankalanda boma, choncho Africa ankamudziwa. Iyeyu analibe mfuti, analibe thumba la ndalama, ankangopita yekha kukalankhula. Anathandiza kutulutsa amishonale ku Iran mu 1981, anakakhala pansi ndi Gaddafi mpaka anthu anayi a ku Britain anamasulidwa ku Libya mu 1985, kenako anayamba za ku Lebanon.

Tsono mverani pomwe zinasokonekera. Boma la America lomwe linkalalikira kuti silichita malonda ndi zigawenga linapezeka kuti linkagulitsa zida mobisa ku Iran pofuna kuti anthu awo a ku Lebanon atuluke, nkhani ija ya Oliver North, msilikali wa ku White House yemwe ankayendetsa malondawo, inaphulika mu 1986, ndipo poti Waite anali ataonekapo pafupi ndi anthu amenewo, omwe ankakambirana nawo ku Beirut anayamba kumuona ngati kazitape. Anamuchenjeza kuti asabwerereko koma iye anabwerera poti anali atalonjeza, pa 20 Januwale 1987 anamugwira, anatuluka pa 18 Novembala 1991, masiku 1,763, ndipo pafupifupi zaka zinayi mwa zimenezo anali yekhayekha m'chipinda atamangidwa unyolo ku khoma.

Chomwe ndikufuna munyamule apa ndi ichi. Mkhalapakati ali ngati ankhoswe. Ankhoswe alibe apolisi, alibe ndende, chomwe ali nacho ndi mawu awo okha, kuti akanena kuti mawa tibwera amabweradi, ndipo zomwe mwawauza m'nyumba sakazilengeza pa chitsime. Mbali imodzi ikangoganiza kuti ankhoswe akudya ndi enawo, basi ntchito yawo yatha. Waite sanagwidwe chifukwa chosadziwa kulankhula, anagwidwa chifukwa ena anaseweretsa dzina lake. Ndipo kwa mphunzitsi wanu wa ku Yemen uja ndikuona chimodzimodzi, ankhoswe anali atamaliza ntchito koma wamfuti sanafunse kuti kodi pakhomo pano pali nkhani yanji.

Bamboyo atatuluka sanakhale pansi, anathandiza kuyambitsa bungwe lothandiza mabanja a anthu ogwidwa lomwe pano limatchedwa Hostage International, chifukwa anaona kuti omwe atsala kunyumba nawonso amakhala ngati ali mu unyolo.

Mphatso_Area25:

Zikomo kwambiri abambo, za Terry Waite ndinali ndisanamvepo, ndakasaka zithunzi zake za tsiku lomwe anatuluka ndipo ndangoti kakasi. Amayi NaBanda mfundo yanu ya anthu a ku Mali ndi Burkina yandigwira, kunena zoona ndinkangoganiza za yemwe wagwidwayo basi osaganiza komwe ndalamayo imathera. Koma ndikufunsenibe, nanga ngati si ndalama koma kusinthana akaidi? Israel inamasula akaidi 1,027 mu 2011 pofuna msilikali mmodzi yekha Gilad Shalit, America inapereka Viktor Bout, wogulitsa zida yemwe mfuti zake zinapha anthu ambiri kuno ku Africa, posinthana ndi wosewera basketball Brittney Griner mu Disembala 2022. Kodi kumeneko si kupereka dipo komweko kungoti dzina lasintha?

Tadala_Leeds:

Ndalowa mochedwa ndinali ku ntchito ya usiku koma ndawerenga zonse. A Mphatso inde ndi dipo lomwelo, ndipo nthawi zina loposa ndalama chifukwa munthu wotulutsidwayo akhoza kubwerera ku nkhondo. Koma ine ndikufuna tibwere nayo kuno kwathu ku Africa chifukwa tangotchula azungu okhaokha.

Atsikana a ku Chibok ku Nigeria. Usiku wa pa 14 Epulo 2014 a Boko Haram anatenga ana asukulu 276 ku sekondale ya atsikana, anali atabwera kudzalemba mayeso. 57 anathawa okha, ena podumpha m'malole akuyenda. Dziko lonse linakuwa pa Twitter ndi Facebook, mpaka Michelle Obama ananyamula chikwangwani, maiko akuluakulu anatumiza akatswiri ndi ndege zozonda, koma kwa zaka ziwiri ndi theka palibe gulu la atsikana lomwe linatuluka chifukwa cha zimenezo. Omwe anatuluka ambiri anatuluka ndi zokambirana, 21 mu Okutobala 2016 ndi 82 mu Meyi 2017, ndipo a 82 aja anasinthanitsidwa ndi akuluakulu asanu a Boko Haram omwe anali m'ndende. Boma la Switzerland linathandiza pakati, a Red Cross ndi omwe anakawanyamula pa magalimoto awo poti iwo saima mbali.

Koma munthu yemwe ndimamulemekeza pa nkhaniyi ndi loya wina wa ku Maiduguri, Zannah Mustapha. Bamboyu anatsegula sukulu ya ana amasiye mu 2007, ndipo nkhondo itakula ankalandira ana a mbali zonse, ana a asilikali ophedwa ndi ana a zigawenga zophedwa kukhala pa desiki imodzi, amayi amasiye a Boko Haram omwe aliyense ankawathawa iye ankawathandiza. Ndiye itafika nthawi yofuna munthu yemwe zigawenga zingamumvere, anali iyeyo, chifukwa ankadziwa kuti ana awo amadya kwa iye. Chikhulupiriro chimenecho sanachigule tsiku limodzi, anachilima zaka pafupifupi khumi asakudziwa n'komwe kuti chidzatulutsa atsikana 103. Mu 2017 anapatsidwa mphoto ya Nansen ya UNHCR, bungwe la United Nations loona za anthu othawa kwawo. Zikugwirizana ndi zomwe abambo a ku Likoma anena za ankhoswe.

Amayi NaBanda ndikumva zomwe mukunena ndipo sindikukana kuti zitatha izi kuba ana asukulu kunasanduka bizinesi ku Nigeria, ku Dapchi mu 2018 anatenganso atsikana 110 ndipo Leah Sharibu sanamubweze poti anakana kusiya Chikhristu, kenako magulu ena a mbava anatengera. Koma ine ndikayang'ana zithunzi za makolo aja akugwa pansi kulira atakumana ndi ana awo ku Abuja, sindingathe kunena kuti akanawasiya. Ndipo dziwani kuti pomwe zaka 10 zinkakwana mu 2024 atsikana oposa 80 a ku Chibok anali asanabwererebe.

China chomwe ndinaphunzira n'choti phokoso lija lili ndi mbali ziwiri, linakakamiza boma la Nigeria lomwe poyamba linkachita ngati palibe chachitika, koma linapangitsanso kuti atsikanawo akhale amtengo wapatali m'maso mwa omwe anawagwira, ana ndi amayi ena masauzande omwe anabedwa m'midzi ina palibe anawatchula dzina.

NaBanda_Zomba:

A Tadala za Chibok sinditsutsa, ana asukulu omwe boma linalephera kuwateteza boma lomwelo liyenera kuwabweza zivute zitani. Pomwe ndaimabe ndi pa masutikesi a mayuro opita m'chipululu kenako nduna n'kumakana pa TV. Ngati mwapereka nenani kuti tapereka, anthu a ku Mali adziwe yemwe wagulira adani awo zipolopolo.

WakuMayfair_Joni:

Amayi apo ndiye tagwirizana, bodza la nduna ndi lomwe limandinyansa inenso. Ndionjezepo kuti si nthawi zonse pamadutsa ndalama, Gerco van Deventer wa zachipatala wa kuno anagwidwa ku Libya mu Novembala 2017 n'kukagulitsidwa kwa zigawenga za ku Mali, banja lake linalibe mamiliyoni, a Gift of the Givers anangolimbikira kupempha chifundo kudzera mwa akuluakulu a kumeneko chaka ndi chaka mpaka anatuluka mu Disembala 2023, iwo anati popanda dipo. Kuona maso a nkhono n'kudekha, koma zaka 6 ndi zambiri abale, ana ake anakula iye kulibe.

Koma poti tonse pano tili ndi abale oyenda, ndikuuzeni zomwe zikuchitika kuno zomwe sizifika pa YouTube. Mu Ogasiti 2024 apolisi anapeza anthu pafupifupi 90 a ku Ethiopia atatsekeredwa m'nyumba imodzi kuno ku Johannesburg, ndipo mukudziwa kuti njira ya anthu amenewa imadutsa kwathu komweko, mukukumbuka manda aja anapezeka m'nkhalango ya Mtangatanga ku Mzimba mu 2022. Anthu oterewa amasungidwa mpaka abale atumize ndalama yotsala, palibe Switzerland, palibe Red Cross, wokambirana ndi mchimwene wake yemwe ali ndi kashopu ku lokeshoni, pa WhatsApp, manja akunjenjemera. Inenso zinandionekera mwa ung'ono, mphwanga akubwera kuno amene anamutenga pa galimoto anamutsekera m'nyumba ina masiku anayi ati ndalama ya mayendedwe yakwera panjira, anandiimbira usiku kuti ndikapanda kutumiza sindimuonanso. Sindinadziwe za mafunso a umboni omwe mukunenawo a Mphatso koma mtima unangondiuza kuti ndisatumize ndisanamve mawu ake, ndinawauza kuti mupatseni foni anditchulire dzina la agogo athu aakazi, anatchula, kenako tinakokanakokana masiku awiri mpaka anatsika kufika pa theka ndipo ndinakamutenga pa filling station ina m'bandakucha atavala malaya omwe anachokera nawo kumudzi.

Mayi athu sindinawauze mpaka mnyamatayo atagona m'nyumba mwanga. A Mphatso tatiponyereni linki ya dokyumentaleyo, ndikufuna ndionere naye limodzi Lamulungu akaweruka.